Kalata kwa akuluakulu a zachilungamo: cheke chinabaunsa, ndalama zinabwera zitaola

Kwa a Nduna ya Zachilungamo, a Mkulu wa oimira boma pa milandu, a Mkulu wa apolisi komanso a Gavanala a Reserve Bank of Zimbabwe,

Olemekezeka, ndakupatsani moni nonse. Ine ndine telala, ndimasoka ku Highfield kuno, ndinabadwira mu Harare momuno ngakhale agogo anachokera ku Dedza kalekale, wapansi, kudzafuna ntchito m'mafamu. Ndalemba m'Chichewa dala, musati ndasokonekera mutu. Malamulo aakulu a dziko lino a 2013 aja pa gawo 6 anatchula zilankhulo 16 ndipo Chewa ndi chimene chili pamwamba penipeni pa mndandandawo, nde ngati m'maofesi mwanumo mulibe olo munthu mmodzi woti akuwerengereni kalatayi ndiye kuti tili ndi nkhani ina yoti tidzakambirane tsiku lina.

Ya lero ndi ya cheke. Ndikudziwa ena mwayamba kale kuseka kuti achimwene macheke anatha kalekale, pano ndi swipe ya khadi ya ku banki ndi EcoCash ya pa foni. Dikirani kaye, ndifikako.

Mu December 2017 kunabwera bambo wina pa shopu panga, wovala bwino, galimoto yowala, kayankhulidwe kaulemu ngati mkulu wa mpingo. Akuti ali ndi oda ya yunifolomu ya kakoleji kena kapulayiveti, malaya, masiketi, mathalauza, ana okwana 120. Tinagwirizana mtengo, anasiya dipoziti ya madola 200 pamanja, yotsala 1,800 akuti adzapereka podzatenga katundu. Mukukumbukira mmene zinalili chaka chimenecho, m'mashopu a nsalu kudauni mitengo inali itatu, wa dola yeniyeni ya ku America, wa bond note (ndalama ya pepala ya dziko lino nthawi imeneyo) ndi wa swipe, ndipo amene amafuna nsalu yabwino pa mtengo womveka amayenera kubwera ndi dola yeniyeniyo. Nde ine ndinakatenga ndalama ku chipereganyu chathu, chija anzathu kuno amati mukando, ndinapempha kuti andidumphitse mzere, ndinaonjezera za mayi akunyumba zomwe amasungira fizi, nkugula nsalu, ulusi, mabatani, mazipi. Khirisimasi ya chaka chimenecho ine ndi anyamata anga awiri tinadyera pa makina.

Anabwera Lachisanu masana mu January 2018, kutatsala masiku ochepa kuti sukulu zitsegulidwe. Izi za Lachisanu masanazi ndinadzazimvetsa pambuyo pake kuti ndi njomba yawo, amadziwa kuti pofika Lolemba katundu amakhala atagulitsidwa kale kwa makolo. Anatulutsa buku la macheke, kulemba bwinobwino, kusaina ndi mkono wa munthu wozolowera, ine mpaka kumuthandiza kulongedza mitolo m'galimoto, kumubayibitsa. Akulu anati fodya wako ndi amene ali pamphuno, wapachala ngwamphepo, koma tsiku limenelo mwambiwu sunandifike.

Patapita masiku cheke chinabwerera chili ndi mawu akuti "Refer to drawer". Ndinafunsa mtsikana wa pa kauntala kuti zikutanthauza chani, anandiyankha monong'ona kuti bambo kafunseni mwini wakeyo. Ndi ulemu wa ku banki umenewo, safuna kunena poyera kuti mu akaunti mulibe kanthu. Ndinamuimbira, akuti pepani mudhara panangochedwa transfer ina, kachiponyeninso. Ndinakachiponyanso, chinabwereranso. Kenako foni yake inayamba kulira osayankhidwa, kenako inasiyiratu kulira.

Ku polisi ndinapita katatu, sinditchula siteshoni yake. Ulendo uliwonse yankho linali limodzimodzi, "iyi ndi civil matter mudhara, pitani ku khoti mukamusumire". Mawu awiri amenewa a Mkulu wa apolisi, ngati simukudziwa, ndi amene amatseka pakamwa anthu osauka ambiri mu tauni muno kuposa china chilichonse. Munthu umabwerera kunyumba ukuganiza kuti mwina wolakwa ndiwe. Amene ananditsegula maso ndi mwana wa mkulu wina wa ku tchalitchi kwathu, mnyamata wophunzira zamalamulo, iyeyo ndiye anandiwerengera gawo 136 la Criminal Law Code, lija la mlandu wa chinyengo. Anati munthu akanena bodza dala, akudziwa kuti ndi bodza, nkufuna kuti mnzake achite kanthu kamene kamuluzitse, ndi mlandu wa upandu umenewo, chilango chake chimatha kufika zaka 35 kundende kapena chindapusa chofika kawiri mtengo wa zomwe wapezazo. Ndipo kulemba cheke palokha ndi kunena mawu, ukuti pitani ku banki mukalandira ndalama. Ngati polembapo ukudziwa kuti akaunti ili mbee ndipo palibe chimene chikubwera, wanama basi, kungoti wanama ndi cholembera.

Doketi inatsegulidwa titapezana anthu atatu olira maliro amodzi, ine, mayi wina amene anamupatsa makope ndi zolembera, ndi kalipentala wina wa madesiki. Nde funso langa nali, amene waberedwa yekha, wopanda mnzake womuperekeza, iyeyo azipita kuti?

Musandimve molakwa, sindikunena kuti aliyense amene cheke chake chabwerera aziponyedwa m'chitokosi. Ine ndemwe ndakhalapo ndi ngongole, ndalonjezapo munthu kuti Lachitatu ndikupatsa nkulephera chifukwa amene amayenera kundilipira nawonso sanalipidwe, tauni ino timadyerana chonchi. Munthu atha kulemba cheke cha deti yamtsogolo ali ndi chikhulupiriro chenicheni kuti pofika tsikulo ndalama zikhala zitalowa, zinthu nkusokonekera. Ameneyo si wakuba, ndi wangongole, ndipo gawo 49 la malamulo aakulu aja limanena momveka kuti munthu asatsekeredwe kundende chifukwa chongolephera kukwaniritsa zomwe anagwirizana ndi mnzake. Ndikugwirizana nazo kwathunthu. Koma kusiyanitsa awiriwa sikovuta ngati mmene pa kauntala ya polisi amakupangitsira kuoneka. Sitetimenti ya ku banki imanena zonse. Wa ineyu mboni ya ku banki inadzanena m'khoti kuti akauntiyo inakhala miyezi ingapo ili ndi tindalama tosakwana olo kugula buledi wa sabata, koma iye ali kalikiliki kusaina macheke atatu sabata imodzi. Chimene ndikupempha nchoti wapolisi asamaweruze mlandu ali pa kauntala, azilandira dandaulo, aitanitse sitetimenti, aone kaye, akatero ndiye anene kuti uwu ndi wa ngongole chabe kapena ndi wa chinyengo. Lembani zimenezi pa pepala muzimate pa khoma la siteshoni iliyonse kuti nafenso tizitha kuloza ndi chala.

Tsopano ndifike pamene pakundiwawa kwenikweni, chifukwa zonse ndanenazi ndi mutu chabe, thupi ndi ili.

Mlandu unayenda ngati nkhono. Lero loya wake wadwala, mawa doketi sinabwere, mkuja mboni ili ku maliro, 2018 inatha, 2019 inatha, kenako kumapeto kwa March 2020 dziko lonse linatsekedwa ndi Covid. Ulendo uliwonse ine ndimatseka shopu, kukwera kombi, kukakhala pa benchi kuyambira mmawa mpaka masana kuti ndikangomva deti yatsopano. Chigamulo chinadzabwera mu September 2020. Anamupeza wolakwa, ndinamva mtima kuti myaa. Miyezi ina anamuchotsera kuti akhale wakhalidwe labwino, yotsalayo anati sakagwira ukaidi ngati abweze ndalama za odandaula kudzera kwa kalaliki wa khoti. Bambo uja anamwetulira. Ine ndinadabwa kuti munthu wopezeka wolakwa akumwetuliranji, ndinadzamvetsa sabata yomweyo pamene analipira zonse kamodzi, osapempha ndi tsiku limodzi lomwe loonjezera.

Analipira 1,800 ndithu, nambala yake yomweyo ya pa cheke, koma m'ndalama ya Zimbabwe. Nthawi imeneyo pa okushoni ya Reserve Bank yogulitsira madola dola imodzi ya ku America inali pa 80 ndi kanthu. Owerengera masamu awerengere, ine ndinapeza madola 22. Ntchito ya mwezi wathunthu ya anthu atatu, nsalu ya ana 120, zaka ziwiri ndi miyezi isanu ndi itatu ndikuyendera khoti, nkulandira ndalama yosakwana mpukutu umodzi wa nsalu. Ku chipereganyu kuja ankafuna dola yawo yeniyeni monga anandipatsira, ndipo anali ndi ufulu kutero, nde makina anga osokera a ovaloko anapita, mmodzi wa anyamata aja ndinamuuza kuti akayese kwina.

A majisitireti sindikuwada, anatsata zomwe zinali pa tebulo pawo. Mu February 2019 kunatuluka lamulo la boma lotchedwa SI 33 limene linati ngongole ndi ndalama za m'mabanki zomwe zinali m'madola a ku America zisanduke ndalama ya Zimbabwe yotchedwa RTGS pa mulingo wa imodzi kwa imodzi, ndipo mu January 2020 Supreme Court pa mlandu wa Zambezi Gas inatsimikiza kuti ndi momwemo. Kaya zinali zoyenera pa ngongole za makampani akuluakulu, zimenezo akangane okha ophunzira. Ine changa nchimodzi, wakuba si wangongole wamba. Munthu amene khoti lamupeza kuti ananama dala asamapindule nawo ndi kugwa kwa ndalama ngati kuti ndi kasitomala wabwino amene zinangomuvuta. M'dziko limene ndalama imasungunuka ngati ayisi pa dzuwa la October, tsiku lililonse limene mlandu wayimitsidwa ndi kuchotsera mtengo kwa wakubayo. Iye amadziwa, loya wake amadziwa, nchifukwa chake amadwaladwala. Kwathu amati mlandu suola, zoona, koma kuno ndalama ya mlanduwo ndi imene imaola, mlandu nkutsala uli gwa ngati chigoba.

Ndipo olo mutati awonjezere chiwongola dzanja, chija chokhazikitsidwa ndi lamulo ndi 5 peresenti pachaka. A bungwe la boma la ziwerengero la Zimstat eniake analengeza kuti mu July 2020 mitengo inali itakwera ndi 837 peresenti pa chaka. Ndiye 5 peresentiyo ndi kuthira madzi a m'kapu pa nyumba yoyaka.

Ife a mu Harare nkhani ya pepala lolonjeza ndalama zomwe kulibe sitichita kuphunzitsidwa. Tinayenda ndi ma bearer cheque m'matumba kuyambira 2003, ndalama yokhala ndi tsiku lothera ntchito ngati mkaka, mu 2008 tinagwira agro cheque ya 100 biliyoni, tinaona maziro atatu akuchotsedwa pa ndalama mu 2006, khumi mu 2008, khumi ndi awiri mu 2009. Bambo anga malemu anamwalira ali ndi chikwama chodzaza mapepala amenewo pansi pa bedi, adzukulu amaseweretsa ngati makadi. Sindikukumba zakale kuti ndinyoze munthu, ndikungoti dziko limene linadutsa m'zimenezi linayenera kukhala loyamba pa dziko lonse kulemba lamulo loti chipukuta misozi chizitsata mtengo weniweni wa chinthu osati nambala. Ndalama yatsopano ya ZiG inabwera mu April 2024 ili pa 13.56 pa dola, pofika kumapeto kwa September chaka chomwecho inatsitsidwa kufika pa 24 ndi kanthu. Amene khoti linamugamulira ndalama mu August nkulandira mu October, mwamuwerengera kuti anataya zingati?

Nde a Nduna, pempho langa lalikulu ndi limeneli. Konzani lamulo kuti pa mlandu wa chinyengo khoti lizigamula kubweza molingana ndi mtengo wa zomwe munthu anataya pa tsiku limene anaberedwa, ndipo ngati wolakwayo akulipira m'ndalama ya dziko lino azilipira pa reti ya tsiku limene akulipiralo. Akachedwetsa mlandu zaka zitatu, zikhale zake. Mudzaona okha maloya akuchira matenda aja.

Pali china chimene ndinadzachimva mochedwa ndipo chimandipweteka mpaka lero. Mu Criminal Procedure and Evidence Act muli njira ziwiri zosiyana. Ina ndi ija anachita kwa ine, ya gawo 358, yoti chilango chiimikidwe ngati munthu abweze ndalama. Vuto lake, wolakwayo akasankha kukagwira ukaidi miyezi yakeyo, iwe wodandaula watsala manja lende, boma lamudyetsa nyemba, iwe ana ako akugona ndi njala. Ina ndi ya gawo 362, pamene khoti lomwelo la upandu limagamula chipukuta misozi ndipo chigamulocho chimakhala ndi mphamvu ngati cha khoti la milandu ya ngongole, utha kutuma mesenjala wa khoti kukalanda katundu. Koma khoti silipereka lokha, amayenera kupempha wodandaulayo kapena woimira boma atatumidwa ndi wodandaula. Tsono telala wa ku Highfield, gogo wogulitsa tomato ku Mbare Musika, angapemphe bwanji chinthu chimene sanamvepo? Mayi wa makope uja mpaka lero sadziwa kuti gawo limeneli liliko. A Mkulu wa oimira boma pa milandu, apa sipafunika ndi Nyumba ya Malamulo yomwe, ndi nkhani yongolamula anthu anu kuti chigamulo chisanaperekedwe azimufunsa wodandaula aliyense, m'chilankhulo chake, kuti kodi mukufuna tikupemphereni chipukuta misozi, mwataya zingati, malisiti muli nawo? Mphindi zisanu basi.

Mnyamata wa zamalamulo uja anandiuzanso kuti cheke chobwerera ndi umboni wamphamvu kwambiri ku khoti la ngongole, pali njira yachidule yotchedwa provisional sentence imene khoti limatha kulamula kuti munthu alipire kaye pongoona siginecha yake pa pepalalo, zokangana zibwere pambuyo, ndiponso kuti ngongole ya cheke imakhala ndi moyo zaka 6 pamene ngongole wamba imafa pa zaka 3. Zabwino zedi pa pepala. Koma njira imeneyo popanda loya suyiyenda, ndipo loya woyamba amene ndinamufunsa ndalama yongotsegulira fayilo inali yoti ndigulitsenso makina ena. Bwanji njira yachiduleyi osaitsitsa kuti izipezeka ku khoti la milandu ing'onoing'ono, pa fomu imodzi yoti munthu adzaze yekha?

Maiko ena anayesako zawo. Ku India cheke chikabwerera mwini wake amalemberedwa kalata nkupatsidwa masiku 15 kuti alipire, akalephera ndi mlandu pansi pa gawo 138 la lamulo lawo la macheke, ndende mpaka zaka ziwiri kapena chindapusa chofika kawiri ndalama ya pa cheke, ndipo kuyambira 2018 khoti limatha kulamula kuti apereke kaye mpaka 20 peresenti mlandu uli mkati. Ku Dubai anapita mbali ina, kuyambira January 2022 macheke ambiri obwerera chifukwa chosowa ndalama anawachotsa ku milandu ya upandu, mmalo mwake chekecho chimatengedwa ngati chigamulo kale, umangopita nacho kwa jaji wolanditsa katundu. Sindikuti tikopere, a ku India nawonso makhoti awo anadzaza ndi milandu yomweyi mpaka pakhosi. Koma onse awiriwa anaona chinthu chimodzi chimene ife sitinachione, kuti woberedwayo chimene akufuna ndi ndalama yake msanga. Ija ya 20 peresenti ija ikanakhalapo kuno mu 2018, ine ndikanalandira madola 360 nthawi imene anali adakali madola, ovaloko yanga bwenzi ilipo.

Tsopano kwa aja amaseka kuti macheke anatha. Inde, ku South Africa anawathetseratu kumapeto kwa 2020, kuno nako ndi ochepa amene akuwagwirabe. Koma cheke chobaunsa sichinafe, chinangosintha malaya. Lero chimabwera pa WhatsApp, amati proof of payment. Mphwanga amapanga mawadiropu ku Glen View, chaka chatha munthu anamuonetsa sikirinishoti yoti watumiza ndalama pa ZIPIT, meseji yooneka bwinobwino ngati ya ku banki, akuti netiweki ikuvuta ziwoneka madzulo, wadiropu inakwera lole, mpaka lero madzulo ake sanafike. Linalinso Lachisanu. Atapita kukadandaula anamva mawu awiri omwe aja amene ndinamva ine mu 2018. Ndi bodza lomwelija, loti ndalama zilipo pamene palibe, nde chilichonse chimene mukonze pa macheke chikhudzenso mameseji abodzawa, apo ayi mukhala mukutchera msampha pa njira imene mbewa zinasiya kudutsa.

A Gavanala, inu mbali yanu ndi yaifupi. Mabanki ali ndi mndandanda wawo wa anthu ovuta kulipira, akafuna kukongoza munthu amayang'ana kaye kumeneko, koma ife amene timakongoza thukuta lathu tilibe poyang'ana. Bambo wandiberayu sindikukayika kuti pano ali pa shopu ya munthu wina akuyankhula mwaulemu. Tipatseni njira yoti wamalonda wamng'ono azitha kutsimikiza pa foni yake, pompopompo, kuti nambala ya transfer imene akuonetsedwayo ndi yeniyeni kapena ayi, ndipo amene khoti lamupeza wolakwa pa chinyengo chotere asamangotsegula akaunti ina mawa lake ngati palibe chachitika.

Akuluakulu ndi m'dambo mozimira moto, nchifukwa chake ndabwera kwa inu osati kwa anyamata a pa kona amene anandiuza kuti tiwapatse madola 50 akamuphunzitse bamboyo khalidwe. Ndinakana, ndinasankha khoti, ndipo ku chipereganyu mpaka lero akandiona amandifunsa moseka kuti atelala, khoti lija linakupatsani zingati paja? Ine ndimayankha zoona, 22.

Fotokope ya cheke chija ndinaisunga mu kabati ya makina, pamodzi ndi lisiti la kwa kalaliki wa khoti. Tsiku limene komiti ya Nyumba ya Malamulo idzayende kumva maganizo a anthu pa nkhani imeneyi mudzatiuze nthawi ilipo, ndidzatseka shopu ndibwere nazo zonse ziwiri, mayi wa makope uja ndi kalipentala nambala zawo ndikadali nazo.

Ine wanu,
Telala wa ku Highfield, Harare